Secondhand Serenade ndi khamu lake la pa MySpace: mafunso ndi mayankho

Pali nyimbo ina ya mu 2008 imene anthu ambiri amaidziwa koma mwini wake samudziwa. Imayamba ndi piyano, kenako mwamuna amalowa ndi mawu onga a munthu amene wachezera usiku wonse ndi nkhawa. Dzina lake ndi "Fall for You", ya Secondhand Serenade. Ndikaitchula pocheza, mafunso amabwera omweomwewo: anyamata amenewa anali angati, anathera kuti, emo ndi chiyani. Ndaganiza zongowayankhira pamodzi. Ena ndadutsapo mothamanga, ena ndakhalapo pansi chifukwa nkhani yake ndi yonona.

Kodi Secondhand Serenade ndi gulu la anthu angati?

Ndi munthu mmodzi, John Vesely. Anabadwa mu 1982 ndipo anakulira ku Menlo Park, tauni ya ku California yomwe ili kumwera kwa San Francisco. Dzina la tauniyi mulisunge, tibwererako. Bambo ake anali woimba jazi, choncho nyimbo anazipeza m'nyumba. Kwa zaka pafupifupi 8 ankaimba besi m'magulu ang'onoang'ono a kwawoko. Kenako anatenga gitala wa bokosi, uja wosafuna magetsi, n'kuyamba kupeka zakezake. Dzina loti Secondhand Serenade anayamba nalo mu 2004.

Chimene chimapusitsa anthu ndi mawu. Mukamvetsera chimbale chake choyamba mumva ngati pali anyamata atatu kapena anayi akupolokezana, wina pansi wina pamwamba. Onsewo ndi iye yemweyo. Amajambula mawu otsogolera, n'kujambulanso ena pamwamba pake, n'kubwerezanso, mpaka zimveke ngati kwaya. Oimba ng'oma, besi ndi magitala ena anabwera pambuyo, pamene zoimbaimba zake zinayamba kuchitikira m'maholo okulirapo.

Dzinali likutanthauza chiyani? Likukhudzana ndi kaunjika?

Simunaphonye kwenikweni. Secondhand ndi mawu omwe aja timawadziwira pa zovala za kaunjika, chinthu choti wina anayamba kale wavala. Serenade ndi nyimbo imene munthu amaimbira wokondedwa wake, iye yekhayo, makamaka madzulo. Vesely ankafotokoza kuti nyimbo zake ankapekera mkazi wake, ndiye woyamba kuzimva anali mayiyo. Enafe timangomva ngati munthu wodutsa kuseri kwa nyumba amene watola nyimbo yoimbira wina.

Ine dzinali ndimaliona lochenjera kuposa nyimbo zina zimene lanyamula. Limamuuza womvera kuti akusuzumira m'kalata ya eni, ndipo kwa mwana wa zaka 16 palibe chokoma ngati kuwerenga kalata ya eni.

Nanga emo ndi chiyani, ndipo emo-pop yasiyana nayo pati?

Emo ndi chidule cha emotional hardcore. Inayambira ku Washington, D.C. cha m'ma 1985, pakati pa anyamata oimba punk yaphokoso, yothamanga, yokalipa. Magulu ngati Rites of Spring anachepetsa zokalipira dziko n'kuyamba kukuwa za m'mitima yawo: kusungulumwa, chisoni, chibwenzi chotha. Phokoso linali lomwelo, nkhani ndiyo inasintha. Eni akewo dzina loti emo sankalifuna n'komwe, ankaliona ngati lowanyoza, koma linawakakamira.

M'zaka za m'ma 1990 magulu ena anaifewetsa. Sunny Day Real Estate a ku Seattle, The Get Up Kids a ku Kansas City, Jimmy Eat World a ku Arizona, onsewa ankaimba zoti munthu n'kutsatira ndi pakamwa. Emo-pop ndi pamene kufewako kunafika poti wailesi n'kuilandira ndi manja awiri: korasi yogwira msanga, mawu osalala, mphindi zitatu kapena zinayi basi. Pakati pa 2005 ndi 2007 kunatuluka zimbale zimene zinafikitsa mtunduwu pachimake, za Fall Out Boy, Panic! at the Disco, My Chemical Romance ndi Paramore.

Vesely ali pa nthambi ina ya banjali, ya mnyamata mmodzi ndi gitala wake. Amene analambula njirayi ndi Chris Carrabba wa Dashboard Confessional, wa ku Florida. Mu 2002 Carrabba anaimba pa pulogalamu ya MTV Unplugged, ndipo chimene anthu amakumbukira kwambiri ndi omvera: achinyamata atamuzungulira akuimba liwu lililonse mokweza, mpaka nthawi zina mwini nyimbo kumangowasiya apitirize okha. Khalidwe la emo lagona pamenepo. Womvera amabwera kudzalira nawo maliro, kuonerera katswiri n'kwapambuyo. Secondhand Serenade atatulukira, olemba za nyimbo sanachedwe kumufanizira ndi Carrabba, ena momuyamikira, ena pofuna kunena kuti akungotsanzira.

Ife tinapeza Facebook ili kale. MySpace chinali chiyani?

Linali tsamba la mchezo limene linayamba mu 2003 m'dera la Los Angeles, ndipo oliyambitsa odziwika ndi Tom Anderson ndi Chris DeWolfe. Ukangolembetsa, mnzako woyamba ankakhala Tom yemweyo, atavala malaya oyera, akumwetulira chocheuka. Mu 2005 kampani ya Rupert Murdoch, News Corporation, inaligula pa madola 580 miliyoni, ndipo mu 2006 linafika pokhala tsamba lotsegulidwa kwambiri mu America monse.

Pa Facebook masamba a anthu onse amafanana ngati nyumba za kampani. Pa MySpace aliyense ankakongoletsa kwake mmene wafunira: kumbuyo kwakuda, zilembo zapinki, tinyenyezi tothwanima, chithunzi chodzijambula yekha kamera ili m'mwamba, tsitsi litaphimba diso limodzi. Panali kabokosi kotchedwa Top 8, momwe unkasanja anzako 8 apamtima motsatana, ndipo anthu ankasiya kulankhulana chifukwa chotsitsidwa kuchoka pa nambala 1 kupita pa 3.

Koma chimene chinasintha moyo wa oimba chinali china. Woimba ankaloledwa kuika nyimbo zingapo patsamba lake, poyamba zinayi, zoti aliyense amvere ulere. Ndipo munthu wamba ankatha kutenga imodzi n'kuiika kwake, moti mlendo akangotsegula tsambalo nyimbo inkayamba kulira yokha, afune asafune.

Taganizirani mtsikana wa ku Ohio amene chibwenzi chake chatha Lachisanu. Loweruka m'mawa wasintha nyimbo ya patsamba lake, waika ya Secondhand Serenade. Anzake a kusukulu akubwera mmodzimmodzi kudzaona ngati mphekesera ija ndi yoona, ndipo aliyense akulandiridwa ndi mawu a Vesely. Ena mwa iwo akudina dzina la woimbayo kuti amve zina. Palibe amene wanyengerera woulutsa mawu, palibe amene walipira kalikonse. Nyimbo yachisoni inali ndi ntchito yeniyeni pamalo amenewo, inkanena zimene mwini tsamba sakanatha kulemba anthu akuona.

Ndiye anangoika nyimbo pa intaneti n'kudzuka atatchuka?

Ayi ndithu, ndipo apa ndi pamene anthu amalakwitsa akamasimba za oimba a nthawi imeneyo. Mu 2005 Vesely analowa mu situdiyo ina ku San Francisco masiku ochepa n'kujambula chimbale chotchedwa Awake, gitala ndi mawu basi. Kampani yojambula nyimbo analibe, womugulitsira analibe. Nyimbo anaziika pa MySpace, ma CD ankagulitsa yekha: munthu alipira kudzera pa PayPal, chimbale chilowa mu envelopu, keyala ilembedwa, ulendo ku positi ofesi. Kenako nyimbozo zinalowanso pa iTunes, sitolo ya nyimbo ya pa intaneti, kumene imodzi inkagulidwa masenti 99.

Ntchito yaikulu inali yosaoneka. Tsamba la woimba pa MySpace linkafuna kuthiriridwa tsiku ndi tsiku ngati dimba la m'chilimwe: kuvomera ofuna ubwenzi, kuwathokoza, kuyankha mauthenga, kulengeza kumene ukaimbe sabata yamawa. Woimba wopanda kampani zonsezi ankachita ndi manja ake, maso ali pa kompyuta mpaka usiku. Ndipo mwana amene walembera woimba uthenga wautali womukhuthulira mavuto ake, n'kulandira yankho la mizere iwiri yokha, sakhalanso womvera wamba. Amasanduka mlaliki. Auza anzake m'kalasi, agula malaya olembedwa dzina la woimbayo, tsiku la zoimbaimba abwera atakoka anthu asanu.

MySpace inali ndi ndandanda ya oimba omveredwa kwambiri, yogawidwa patatu: a makampani akuluakulu, a makampani ang'onoang'ono, ndi opanda kampani. Pa gawo lachitatuli, pofika kumapeto kwa 2006, Secondhand Serenade anali atakhala pa nambala 1 miyezi 7, nyimbo zake zitamveredwa maulendo mamiliyoni. Ndandanda yotere imadzidyetsa yokha. Amene ali pamwamba ndi amene alendo amayamba kumudina, ndipo akamudina ndiye kuti amukhazikitsa pomwepo. Kukwerako ndiye kunali kovuta.

Omutsatirawo anali anthu otani?

Ambiri anali a sekondale ndi a zaka zoyambirira za ku koleji, atsikana ochuluka ndithu, komanso anyamata amene pagulu ankavala nkhope yolimba koma usiku n'kumamvetsera mobisa. Ankachita zimene masiku ano timaziona ngati zachizolowezi koma panthawiyo zinali zatsopano. Ankalemba mzere wa nyimbo pamwamba pa tsamba lawo m'malo monena kuti lero sindili bwino. Ankasiya ndemanga zofotokoza kuti nyimbo yakutiyakuti inawaperekeza pamene makolo ankasiyana. YouTube itabwera mu 2005, anayamba kudzijambula ali pabedi, gitala pamwendo, akuimba nyimbo zake, ndipo poti nyimbozo sizifuna zala zaukatswiri, aliyense ankayesako.

Magulu a nthawi imeneyo ankakhalanso ndi timagulu ta odzipereka m'mizinda, ogawa timapepala pakhomo pa holo ndi kufalitsa uthenga pa intaneti popanda malipiro. Mphotho yake inali chomata, malaya, kapena kungogwirana chanza ndi woimba zoimbaimba zikatha. Kampani iliyonse ikanalipira ndalama zambiri kuti ipeze antchito okhulupirika chonchi.

Ngati zinthu zinkamuyendera ali yekha, analoweranji m'kampani?

Chifukwa MySpace inkakufikitsa m'chipinda cha mwana wa sukulu, koma sinkakufikitsa pa wailesi, pa MTV kapena m'masitolo akuluakulu. Makiyi a zitseko zimenezo anali ndi makampani. Daniel Glass, mkulu amene anagwira ntchito zaka zambiri m'makampani a nyimbo ku New York, anali akutsegula yakeyake, Glassnote Records, ndipo woimba woyamba kumutenga anali Secondhand Serenade. Mu Febuluwale 2007 anatulutsanso Awake ataonjezeramo nyimbo ziwiri, ndipo nyimbo ya "Vulnerable" anaijambulira kanema. Glassnote yomweyi ndi imene inadzadziwika pambuyo pake ndi Phoenix, Mumford & Sons ndi Childish Gambino.

Onani mmene malonda anatembenukira. Kale kampani inkatola woimba wosadziwika n'kutaya ndalama kuti imupezere omvera, osadziwa ngati zibwerera. Apa woimba anafika khamu lili kale kumbuyo kwake, manambala ali poyera patsamba. Kampani inagula mbande zophuka kale. Lero woimba amafunsidwa kuti ali ndi omutsatira angati pa TikTok asanamumvetsere n'komwe, ndipo mchitidwe umenewo unayambira m'zaka zimenezi.

"Fall for You" inafika pati?

Inatuluka kumayambiriro kwa 2008 ngati nyimbo yotsogolera chimbale chachiwiri, A Twist in My Story, cha mu Febuluwale chaka chomwecho. Sinaphulike tsiku limodzi. Inakwera pang'onopang'ono miyezi yambiri mpaka kufika pa nambala 21 pa Billboard Hot 100, ndandanda yaikulu ya nyimbo ku America, ndipo inagulidwa maulendo oposa 1 miliyoni. Amene anaikonza mu situdiyo ndi Butch Walker, pomwe mbali yaikulu ya chimbalecho anagwira ndi Danny Lohner, munthu amene ankaimba ndi Nine Inch Nails, gulu la phokoso longa la m'fakitale. Sindikanaganiza kuti Lohner ndi Vesely angakhale m'chipinda chimodzi.

Pa chimbalechi gitala wa bokosi sanalinso yekha. Munalowa ng'oma, piyano ndi mavayolini, ndipo nyimbo ziwiri za pa Awake, "Maybe" ndi "Your Call", anazijambulanso ndi zida zonse. Ena mwa omutsatira akale sanakondwe nazo, ankaona ngati mnzawo wa m'chipinda wavala suti. Pa "Your Call" ine ndili mbali yawo. Yakale ija ili ndi mpata wopumira, yatsopanoyo inadzaza kwambiri.

Ndi zoona kuti mkazi amene ankamuimbira uja anasiyana naye?

Ndi zoona. Banja linatha mu 2008, chaka chomwe dzina lake linali pakamwa pa aliyense, ndipo nyimbo zambiri za chimbale chachiwiri zinachokera m'mavuto a banjalo. Za m'nyumba mwa eni sitilowamo. Chimene chikutikhudza ndi mtolo umene woimba wotere amadzisenzetsa. Dzina lako la pa nsanja likunena za mkazi wako, omvera anakukonda chifukwa unawatsegulira chitseko cha kuchipinda, ndiye zikavuta sungachitsekenso. Usiku uliwonse ukwera pa nsanja n'kubwereza malonjezo amene unapekera munthu amene salinso nawe, holo yonse ikuimba nawe mosangalala. Walira mvula walira matope.

Patapita zaka anayamba kuimba limodzi ndi Veronica Ballestrini, woimba nyimbo za country, amene anadzakhala mkazi wake.

Kodi si woimba wa nyimbo imodzi basi?

Kwa wailesi, inde. Palibe nyimbo yake ina imene inayandikira pamene "Fall for You" inafika. Chimbale chachitatu, Hear Me Now, cha mu Ogasiti 2010, chinali chansangala pang'ono, ndipo chinalowa m'gulu la zimbale 50 zapamwamba ku America ngati chinzake chija, koma sichinabale nyimbo yogwedeza dziko. Nyengo inalinso itasintha. Wailesi za achinyamata zinali zitadzaza ndi nyimbo zovina za Lady Gaga, Kesha ndi Black Eyed Peas, ndipo mnyamata wodandaula ndi gitala analibenso pokhala.

Kwa omutsatira, funsoli ndi chipongwe. Iwo anamudziwa zaka ziwiri kapena zitatu nyimbo ija isanatuluke. Maganizo anga ndi akuti Vesely ndi mmisiri wa chinthu chimodzi. Mawu a nyimbo zake si akuya, ndi zimene mnyamata aliyense angalembe pa foni 2 koloko usiku, ndipo ukamvera chimbale chonse ulendo umodzi nyimbo zimayamba kufanana ngati ana a mimba imodzi. Koma korasi amadziwa kuimanga, amadziwa pokwera ndi potsika, ndipo sachita manyazi. Kusachita manyaziko ndiye katundu amene ankagulitsa, ndipo ogula analipo.

MySpace itagwa, khamu lija linapita kuti?

Linamwazikana. Facebook inapitirira MySpace pa chiwerengero cha olowa padziko lonse mu 2008, ndipo ku America kwenikweniko mu 2009. Mu 2011 News Corporation inagulitsa tsambalo kwa kampani ya Specific Media, mothandizana ndi woimba Justin Timberlake, pa madola pafupifupi 35 miliyoni. Kumbukirani kuti inagula pa 580 miliyoni. Chaka chomwecho Facebook inasamutsira likulu lake ku Menlo Park kuja ndinati musunge. Kampani imene inagwetsa nyumba yomwe Vesely anatchukiramo inadzamanga m'tauni imene anakulira.

Vuto linali loti anzake a pa MySpace sakanasamutsika. Panalibe batani lonyamulira anthu onsewo kupita nawo ku Facebook, Twitter kapena YouTube. Woimba aliyense anayambiranso kuitana mmodzimmodzi, ndipo si onse anamva kuitanako. Ena anali atakula, tsitsi ameta, ayamba ntchito, zithunzi zakale akuchita nazo manyazi. Komanso pa Facebook nyimbo sinkalira yokha munthu akatsegula tsamba la mnzake. Njira ija ya mtsikana wa ku Ohio inatsekeka.

Choipitsitsa chinadza mu Malichi 2019, pamene MySpace inavomera kuti posamutsa zinthu pa makina ake osungira, inataya nyimbo, zithunzi ndi makanema amene anthu anaika kuyambira 2003 mpaka 2015. Malipoti ankanena za nyimbo pafupifupi 50 miliyoni za oimba 14 miliyoni. A Internet Archive, bungwe losunga zakale za pa intaneti, anapezako pafupifupi 490,000, khunkha chabe. Zimbale za Vesely sizinakhudzidwe poti zinali kale pamsika. Koma magulu ang'onoang'ono osawerengeka amene ankalimbirana naye malo pa ndandanda ija, amene nyimbo zawo zinalipo pamenepo pokha, anafufutika ngati sanakhaleko. Nyumba ya mwini saotchera mbewa. Khamu la patsamba la eni ndi la eni tsambawo, woimba amangobwereka.

Nanga iyeyo anapulumuka bwanji?

Anabwerera kumene anachokera. Atasiyana ndi Glassnote, mu 2012 anatulutsa A Naked Twist in My Story, nyimbo zomwe zija za chimbale chachiwiri atazivula zida zambiri. Anthu odandaula za suti aja analandira chawo. Chimbale cha Undefeated, cha mu 2014, ndalama zake zinachokera kwa omutsatira kudzera pa PledgeMusic. Kumeneko kunali msonkhamsonkha: munthu ankalipiriratu chimbale chisanajambulidwe, ndipo oponya zambiri ankalandira zapadera monga chimbale chosainidwa ndi mwini wake. Apa ndi pamene zimaoneka amene anali wako weniweni, chifukwa kudina batani la ubwenzi n'kwaulere koma kutulutsa ndalama pa nyimbo zimene sunazimve n'kwina. PledgeMusic nayonso inadzagwa mu 2019 ili ndi ngongole za oimba ambiri. Mu 2017 Vesely anakonzanso Awake pokumbukira zaka 10 chitulukireni pansi pa Glassnote.

China chimene chinamusunga ndi maiko a ku Asia. Ku Philippines ndi ku Indonesia nyimbo zake zinazika mizu, ndipo wapitako maulendo angapo kukaimba. Sizodabwitsa. Kumeneko nyimbo zachikondi zodandaula zili ndi msika, karaoke ndi gawo la macheza, ndipo "Fall for You" ili ngati anaipekera karaoke: imayamba pansi pofikirika ndi aliyense, kenako imakukweza mpaka pamene ungathe kudzionetsa kapena kudzichititsa manyazi.

N'chifukwa chiyani a emo ankanyozedwa chonchi?

Mbali ina inali kavalidwe: mathalauza othina, tsitsi lakuda lophimba diso, anyamata opaka zakuda m'zikope. Mbali yaikulu ndi yoti mwamuna wolira pagulu anthu ambiri sakondwa naye, kaya ndi dziko liti. Zinafika poipa mu Malichi 2008 ku Querétaro, m'dziko la Mexico, pamene khamu la achinyamata linaukira anzawo a emo pabwalo la mumzinda. Mu Meyi chaka chomwecho okonda My Chemical Romance anachita zionetsero ku London atakwiya ndi nyuzipepala ya Daily Mail, imene inkalemba ngati emo ndi kagulu kosocheretsa ana. Anawo ankanena zosiyana, kuti nyimbozo ndi zimene zinkawagwira dzanja pamene akuluakulu sankawamvetsera.

Vesely ankasekedwa makamaka pa kaimbidwe, mawu aja odzera m'mphuno ndi kukoka zilembo. Mpaka lero pa TikTok mupeza achinyamata akutsanzira korasi ya "Fall for You" mokokomeza kuti aseketse anzawo. Chimene ndimaona n'choti onse otsanzirawo mawu ake amawadziwa bwinobwino, osaphonya ngakhale limodzi.

Panali enanso amene anatulukira njira yomweyi?

Ambiri. Christofer Drew wa ku Joplin, Missouri, anayamba Never Shout Never mu 2007 ali ndi zaka 16, ndi gitala ndi ukulele, ndipo pofika 2009 anali atatengedwa ndi Warner Bros. Adam Young wa ku Owatonna, Minnesota, ankajambula nyimbo m'chipinda cha pansi pa nyumba ya makolo ake ndi dzina loti Owl City, ndipo "Fireflies" inafika pa nambala 1 ku America mu 2009. Colbie Caillat, amene si wa emo, nayenso anachokera pa ndandanda ya opanda kampani ija. Ya Arctic Monkeys a ku Sheffield ndiye yosekesa: amatchulidwa kawirikawiri ngati ana a MySpace, chonsecho tsamba lawo anatsegula ndi owakonda, eni ake asakudziwa n'komwe mmene limayendera.

Kwathu kuno inafika bwanji, poti MySpace ambirife sitinaigwirepo?

Ndinganene za ine ndekha. Ndinaimva koyamba pa foni ya mnzanga wina ku hositelo, ndipo inasamukira kwanga pa Bluetooth, mafoni awiri atagundanitsidwa pabedi ngati akunong'onezana. Fayiloyo inalibe dzina la woimba, inangolembedwa nambala. Intaneti panthawiyo inali ya ku kafe, yolipira pa mphindi, ndipo tsamba lodzaza zithunzi zothwanima ndi nyimbo yolira yokha likanamaliza ndalama zanga lisanatseguke. Ndinakhala chaka chathunthu ndikuuza anthu motsimikiza kuti ndi gulu la ku Britain.

Ndinaiphunzira pa gitala wobwereka, wa nsambo zisanu poti imodzi inaduka, ndi cholinga chokaimbira mtsikana wina kuseri kwa laibulale. Ndime yoyamba inayenda bwino. Pofika pa korasi, pamene mawu amakwera, kukhosi kunakana, ndipo chimene chinatuluka chinali cha tambala wongophunzira kulira. Anaseka mpaka kugwira khoma.

Omvera a kaunjika enieni tinali ife. Nyimbo yopekera mayi wa ku California, yodutsa m'manja mwa ana a sukulu a ku America, kenako pa memori khadi ya wina, n'kufika kwa ine dzina litafufutika ngati chizindikiro cha pa kolala ya shati. Pa manambala onse ndatchula pamwambapa ife sitinawerengedwepo.

Akuimbabe? Ndipo ndiyambire pati kumumvetsera?

Akuimbabe, m'maholo apakatikati ndi pa zikondwerero, ndipo nyengo yamukomeranso. Ana a zaka 15 a mu 2007 aja tsopano adutsa zaka 30, ali pa ntchito, ndipo akulipira kuti akumbuke. Ku Los Angeles madansi a Emo Nite anayamba mu 2014, ndipo mu Okutobala 2022 ku Las Vegas kunachitika chikondwerero cha When We Were Young, chotsogoleredwa ndi My Chemical Romance ndi Paramore. Manyazi aja anatha.

Yambani ndi Awake, osati nyimbo yotchuka ija. Ikani mahedifoni, mumvere "Vulnerable", ndipo pofika pa korasi muyese kuwerenga kuti mawu a munthu mmodziyo asanjikizana angati. Kenako mumvere "Your Call" ya pa Awake, motsatizana ndi ya pa A Twist in My Story, musankhe mbali. "Fall for You" muisiyire kumapeto, ndipo ngati mukufuna kuimba nawo, korasi muiyambire pansi.